Galimoto ikamalira kumbuyo: momwe mungadziwire kuti habu yatha, ndi kasinthidwe kake

Ndinayamba kulimva phokosolo nditangopitirira pa Nathenje kulowera ku Dedza, pamene msewu wa M1 umalola kuponda mafuta pang'ono. Linkachokera kumbuyo, wuuuu, ngati ndege ikudutsa patali, ndipo ndikachepetsa liwiro nalonso linkatsika. Galimoto yake inali Toyota Corolla NZE121, imodzi mwa zija zinapangidwa ku Japan pakati pa 2000 ndi 2006 zimene zadzaza m'misewu yathu. Ndinathamangira kugula matayala awiri akumbuyo, ndalama zanga zinapita, koma phokoso lili pompo. Chinatha chinali habu ya kumanzere. Zimandipwetekabe mpaka lero, chifukwa ndikanangoyamba ndafufuza bwino ndisanatulutse ndalama, ndikanadziwa tsiku lomwelo.

Habu ndi chitsulo chija tayala limamangidwapo, chokhala ndi mabawuti otulukira kunja amene mumamangapo manati. M'kati mwake muli bering'i ya timipira tachitsulo m'mizere iwiri, yothiridwa gilisi ndi kutsekedwa kufakitale. Pa Corolla ya mtundu uwu simungaitsegule kuti muthiremo gilisi wina kapena kuikunga. Ikatha yatha, mumachotsa yonse n'kuika ina. Chimaipha kwambiri kuno ndi madzi: labala yotseka ikakalamba, madzi a m'zithaphwi za m'dzinja amalowa, gilisi amasungunuka, dzimbiri n'kuyamba kudya njira ya timipira. Onjezanipo mayenje a mumsewu ndi matumba a chimanga amene timapakira kumbuyo nthawi yokolola.

Kodi ndi habudi?

Apa m'pamene pali ntchito yeniyeni, choncho musafulumire. Yambani ndi khutu. Pezani msewu wa tala wosalala, wopanda anthu ambiri, tsekani mawindo, zimitsani wailesi, ndipo tengani mnzanu akhale mpando wakumbuyo. Munthu woyendetsa amanamizika mosavuta, chifukwa phokoso limayenda m'zitsulo za galimoto n'kumamveka ngati likuchokera kwina. Phokoso la bering'i limakwera ndi liwiro la galimoto, osati ndi kulira kwa injini. Mukachotsa phazi pa mafuta kapena kusintha giya, injini imasintha mawu koma ilo silisintha.

Kenako, muli pa liwiro lofatsa, khotetsani chiwongolero pang'ono kumanzere kenako kumanja, osachoka mbali yanu ya msewu. Mukakhotera kumanzere kulemera kwa galimoto kumatsamira matayala akumanja, ndiye phokoso likakula pamenepo, kayikirani habu ya kumanja. Likakula mukakhotera kumanja, kayikirani ya kumanzere. Njira imeneyi imathandiza, koma kumbuyo sinena zoona nthawi zonse, ndiye musagule kanthu chifukwa cha iyo yokha.

Chimene chimanamiza anthu ambiri ndi tayala. Tayala lodyeka mosalingana, makamaka mashoko akatha, limalira chimodzimodzi bering'i. Yendetsani chikhatho pamwamba pake mozungulira. Mukamva timapiri ndi timayenje, kapena mano akukukandani mbali imodzi, liyeseni kaye: lakumbuyo lipite kutsogolo, lakutsogolo libwere kumbuyo, muyendenso msewu womwe uja. Phokoso likasamuka ndi tayala, habu ilibe mlandu. Likatsala pomwepo, imikani galimoto pamalo athyathyathya ouma.

Ikani giya yoyamba, kapena P ngati ndi otomatiki, tsekerani matayala akutsogolo ndi zipika kutsogolo ndi kumbuyo kwake, kenako mutsitse handibuleki, chifukwa ikakhala yokoka imagwira tayala lakumbuyo n'kubisa vuto lonse. Kwezani ndi jeke. Gwirani tayala dzanja lina pamwamba lina pansi, mukankhe ndi kukoka mwamphamvu. Bwerezani mutagwira m'mbali. Habu yabwino sigwedera m'pang'ono pomwe. Buku la Toyota limalola kugwedera kosapitirira mamilimita 0.05, kumene dzanja la munthu silingakumve, ndiye mukamva kuti gwede gwede, nkhani yatha.

Koma dziwani kuti bering'i ikhoza kulira koopsa chikhalirecho sikugwedera. Yanga inali yotero. Ndinaigwira motere: dzanja lamanzere ndinagwira sipuling'i ya mbali imeneyo, lamanja n'kuzunguza tayala mwamphamvu. M'zala ndinamva kanthu kakunjenjemera, kererere, ngati mukupera mchenga pa mwala. Nditapita mbali inayo, sipuling'i inali zii. Nthawi zonse yerekezani mbali ziwirizo, chifukwa mbali yabwino ndiyo imakuphunzitsani mmene yoipa ikusiyanira. Kukhula kopepuka kwa shii, shii kumene kumabwera n'kupita kawirikawiri amakhala mabuleki akukhudza pang'ono dilamu (chitsulo chonga mphika chovundikira mabuleki akumbuyo), si bering'i.

Ena amati mugwire limu mukayenda ulendo, ikatentha ndiye kuti bering'i yatha. N'zoona kuti imatentha, koma buleki yogwira nayonso imatenthetsa chimodzimodzi. Nyali ya ABS (chipangizo choletsa matayala kukhukhuluzika mukaponda buleki mwamphamvu) ikayaka pamodzi ndi phokosoli, umenewo ndi umboni wina, popeza pa Corolla imeneyi sensa yowerenga liwiro la tayala ili kumsana kwa habu komweko.

Tayala likamagwedera ndithu, musanene kuti ndifike kaye kumapeto a mwezi. Bering'i yofika pamenepo imatha kugwira mwadzidzidzi kapena kuphwasuka muli pa liwiro, ana ali kumbuyo.

Kugula

Pitani ku shopu ndi nambala ya chasisi, osati dzina la galimoto lokha. Ma Corolla a zaka zimenezi alipo a ABS ndi opanda ABS, a mabawuti a tayala anayi ndi asanu malinga ndi dziko limene anapangidwira, ndipo a 4WD (okoka ndi matayala onse anayi) monga NZE124 habu yake ndi ina kotheratu chifukwa mumadutsa shafiti. Zimene ndikufotokoza pano ndi za galimoto yokoka ndi matayala akutsogolo okha. Ngati mungathe, masulani kaye yakaleyo mupite nayo m'manja, kaya ndi ku Malangalanga ku Lilongwe kaya ku Limbe, muziike pamodzi pa kauntala: mabowo anayi akumbuyo, kutalika kwake, ndi polowera waya wa sensa, zonse zifanane.

Mayina odziwika a mabering'i ndi monga Koyo, NSK, NTN ndi SKF, koma dzina lolembedwa pa katoni lisakugonetseni tulo, chifukwa zachinyengo zimabweranso m'makatoni okongola. Yotsika mtengo modabwitsa ikayikireni. Funsani risiti ndipo mugwirizane zoti mudzabweza ikapanda kukwana. Habu yochotsedwa pa galimoto yophwasulidwa ikhoza kukutumikirani ngati thumba lavuta, koma izunguzeni pafupi ndi khutu musanalipire. Yabwino imazungulira mwakachetechete ndi kaulesi pang'ono chifukwa cha gilisi. Yozungulira mopepuka kwambiri n'kumalira ndi youma, isiyeni.

Zida ndi zochepa: jeke, sitandi yochirikiza galimoto, sipanala ya matayala ya 21, masoketi ndi chotalikitsira chake, nyundo, bulashi ya waya, mafuta opopera omasulira dzimbiri, mabawuti awiri a M8, ndi torque wrench, sipanala yoyeza mphamvu yomangira bawuti. Yomalizayi bwerekani kwa makaniko ngati mulibe.

Kumasula

Masulani manati a tayala pang'ono galimoto idakali pansi. Tsekerani matayala akutsogolo monga poyamba, kwezani, ndipo muikhazike pa sitandi. Ndikupemphani ndi mtima wonse, musagwire ntchito imeneyi galimoto itangolendewera pa jeke, ndipo musasanje njerwa kapena mabuloko a simenti, chifukwa amaphwanyika osachenjeza. Mudzakhala mukumenya ndi nyundo, galimoto idzagwedezeka. Tayala limene mwachotsa ligonekeni pansi pa galimoto kuti likhale chitetezo chachiwiri.

Handibuleki ikhale yotsitsa, apo ayi dilamu situluka. Ikakana kutuluka ndi manja, musaikanule ndi chitsulo m'mbali, mungapinde mbale imene mabuleki amakhalapo. Pankhope ya dilamu ya Toyota pali timabowo tiwiri ta mazinga. Lowetsanimo mabawuti a M8 aja, muzimanga mosinthanasinthana, uku pang'ono uku pang'ono, dilamu idzadzikankha yokha mpaka kumveka kuti thu. Mukaona ikubwera koma ikukoka mabuleki, imani. Ndiye kuti dilamu inadyeka n'kupanga mlomo m'mphepete. Chotsani kalabala kali kuseri kwa mbale ija, mubweze kagudumu kokungira mabuleki ndi sikuludiraiva, kenako mupitirize.

Dilamu ikachoka, jambulani chithunzi ndi foni musanakhudze china chilichonse. Simukufunika kumasula mabuleki, koma kasipuling'i kakadumpha chithunzicho chidzakupulumutsani. Fumbi la mabuleki musaliuzire ndi pakamwa, n'loipa m'mapapo. Pukutani ndi nsanza yonyowa. Muuzenso aliyense pakhomo kuti asaponde buleki nthawi imeneyi, chifukwa timapisitoni tidzatuluka, mafuta n'kutayika, ntchito n'kukhala iwiri. Poti mwatsegula kale, suzumirani ngati silinda ya buleki ikudontha. Zunguzaninso habu ili yokha. Apa palibenso tayala kapena buleki yoti ikunamizeni, ndipo mukamva kukukuta mudziwa kuti simukuchotsa chinthu chabwinobwino.

Pitani kuseri mumasule pulagi ya waya wa ABS. Dinani kaloko kake ndi chala, musakoke waya. Pulasitiki ya zaka pafupifupi 20 imathyoka ngati bisiketi, ndiye ngati yadzaza dothi yambani mwaitsuka.

Habu imagwiridwa ndi mabawuti anayi. Pankhope yake pali bowo lolowetsera soketi: zunguzani habu mpaka bowolo liyang'anane ndi mutu wa bawuti, masulani, zunguzaninso kufika pa ina. Poperani mafuta omasulira dzimbiri mudikire kaye, ndipo soketi ilowe mpaka pansi musanakoke kuti musadye mutu wa bawuti. Chinthu chimodzi chimene ambiri sachiyembekezera n'chakuti mabawuti omwewa ndi amenenso amagwira mbale ya mabuleki. Mukachotsa yomaliza, mbaleyo imatsala ikulendewera pa paipi yopyapyala ya mafuta a buleki. Imangirireni ndi waya ku sipuling'i kuti paipiyo isapindike.

Kawirikawiri habu yakale imakakamira chifukwa cha dzimbiri. Imenyeni m'mbali mwa nkhope yake, uku ndi uku, muziitembenuza, pakuti iyoyo ikukatayidwa kale. Mbale ya mabuleki yokha musaimenye. Nthawi zina habu imachoka pa chitsulo cha galimoto koma n'kutsala itamatirira m'mbale. Zikatero mnzanu agwire mbale mwamphamvu, inu mugogode habu mofatsa kuchokera kuseri.

Kumanga yatsopano

Palani dzimbiri lonse pamene habu imakhala, mpaka chitsulo chiwale. Kadothi kochepa kotsalira pamenepo kamapendeketsa habu, tayala n'kumavina. Pakani gilisi wopyapyala m'mphepete mwa bowo kuti wodzamasula mtsogolo asadzavutike, koma asakhudze mabuleki kapena m'kati mwa dilamu. Lowetsani habu yatsopano ndi manja okha, polowera waya patayang'ana kumene panayang'ana pa yakale. Iyi ndiye musaimenye ngakhale kamodzi. Nyundo imasiya timabala m'njira ya timipira, ndipo phokoso limabwerera pasanapite nthawi. Ikakana kulowa, ndiye kuti simunapale mokwanira kapena mwagula yolakwika.

Yambitsani mabawuti onse anayi ndi zala, kenako mumange modumphanitsa, ya pamwamba kumanzere kenako ya pansi kumanja, mpaka habu itakhala bwino. Malizani ndi torque wrench pa 61 N·m (nambala yotchera pa sipanalayo), umene ndi muyezo wa Corolla ya mtundu uwu. Galimoto ina ili ndi muyezo wake, muuone m'buku lake. Chizolowezi chovalika paipi ku sipanala n'kuiponda ndi mwendo chimatamula bawuti, ndipo yotamuka ndi imene imadzaduka pa bampu.

Lumikizani pulagi ya ABS mpaka imveke kuti ke, bwezerani waya m'timagwiriro take, chotsani waya uja munamangirira mbale, ndipo valikani dilamu. Ngati munabweza kagudumu ka mabuleki, kakungeninso mpaka dilamu izikhudza pang'ono chabe pozungulira. Ikani tayala, tsitsani galimoto, mumange manati modumphanitsa pa 103 N·m.

Amene muli ndi galimoto monga Citi Golf ya ku South Africa, kumbuyo kwake n'kosiyana: kuli mabering'i awiri otsetsereka amene amatsukidwa, kupakidwa gilisi ndi kukungidwa ndi nati yokhala ndi pini. Kumeneko kugwedera pang'ono nthawi zina kumatha ndi kukunga kokha, ndipo nati yake sifuna kumangitsa, mungaotche bering'i.

Musanatuluke pa geti, pondani buleki kangapo mpaka ilimbe, ndipo kokani ndi kutsitsa handibuleki maulendo angapo. Lizani injini muone ngati nyali ya ABS yayaka n'kuzima monga mwa masiku onse. Yendani pang'onopang'ono m'dera lanu mukuyesa mabuleki, kenako mubwerere ku msewu uja munamvera phokoso, mnzanu ali mpando womwe uja. Mbali inayo simukukakamizidwa kuisintha ngati sipuling'i yake inali zii. Mukayenda makilomita pafupifupi 50, imani pamalo abwino, tulutsani sipanala ya 21 muyesenso manati onse a tayala limenelo.