Kapezedwe ndi kaoneredwe ka makanema a asangalatsi akale a pawailesi

Ine ndinakulira ku Bembeke, tikuotha mbaula madzulo wailesi ili pakati pathu. Mawu a oimba ndi a nthabwala tinkawadziwa ngati a abale athu, koma nkhope zawo ayi. N'chifukwa chake makanema afupiafupi a asangalatsi a ku America a m'ma 1920 amandigwira mtima.

Tsegulani YouTube, mulembe "Vitaphone short". Vitaphone inali njira imene kampani ya Warner Bros. inayamba kugwiritsa ntchito mu 1926: zithunzi pa filimu, mawu pa chimbale chapadera, ziwirizo n'kumazungulira limodzi. Ambiri mwa makanemawa sapitirira mphindi 10, ndiye sadya bandulo. Ine ndimakopera ndikatsikira ku boma, komwe netiweki siduladula.

Kenako fufuzani ndi maina. Yambani ndi George Burns ndi Gracie Allen, mwamuna ndi mkazi wake, amene anajambulidwa mu 1929 asanatchuke pawailesi. Baby Rose Marie naye ndi wa 1929, kamtsikana kakang'ono koma mawu ngati a mayi wamkulu. Eddie Cantor, woimba ndi wanthabwala, anajambulidwa ndi Lee de Forest cha m'ma 1923 mwa njira ina, ya Phonofilm, yoika mawu pa filimu pomwepo.

Apa ndiye ndikupempheni. Ulendo woyamba vundikirani foni, mungomvetsera, monga ankachitira eni nthawiyo pawailesi. Mujambule munthuyo m'mutu mwanu. Ulendo wachiwiri ndiye muonere. Mudzaona zimene khutu silinakuuzeni: Burns akangokhala duu kumuyang'ana Gracie, kukhala chete kumeneko ndiye pagona nthabwala. Chizungu chawo n'chothamanga, choncho chepetsani liwiro lifike pa 0.75.

Milomo ikasemphana ndi mawu musafulumire kuda foni, kulunzanitsa chimbale ndi filimu si ntchito yamasewera. Zimbale zambiri zinasiyana ndi mafilimu ake, ndipo gulu la The Vitaphone Project lakhala likuzisaka kuyambira mu 1991. Makope opakidwa mitundu masiku ano muwasiye, amabisa nkhope yeniyeni.

Musaonere nokha. Agogo anga aamuna nditawaonetsa anamvetsera mpaka kumapeto, kenako anati, "Iwe mdzukulu wanga, tandipezere Alick Nkhata, uja ankaimba pawailesi ya ku Lusaka." Ndinalemba dzinalo, nyimbo zinabwera, ndipo foni sanandibwezere mpaka batire itatha.