Momwe mungasewerere Human: Fall Flat: manja a Bob ali m'maso mwanu

Madzulo ena a mwezi wa June, kukuzizira monga kumachitira kuno ku Kasungu, ndinapeza ana atatu ataunjirira laputopu pakhonde, akuseka mpaka misozi. Pa sikirini panali kamunthu koyera, kopanda nkhope, kakulendewera pakhoma ndi dzanja limodzi. Kenako kanataya, n'kugwa chagada. Mwana wa achemwali anga anatembenuka n'kunena kuti, "Amalume, munthu uyu alibe mafupa, ndipo samva. Tayesani inuyo." Ndinayesa, ndipo kuyambira tsiku limenelo takhala tikusewera limodzi pafupifupi Loweruka lililonse.

Gemuyi ndi Human: Fall Flat. Anaipanga ndi Tomas Sakalauskas wa ku Lithuania, pansi pa dzina la No Brakes Games, ndipo inatuluka mu 2016 pa kompyuta. Ya pa foni inabwera mu 2019. Kamunthu koyerako dzina lake ndi Bob. Amayenda dzandidzandi ngati wachokera ku mowa wamasese, ndipo ntchito yanu ndi kumudutsitsa m'malo a kumaloto, oyandama m'mlengalenga, mpaka apeze potulukira. Mulibe mfuti, mulibe mdani wokuthamangitsani. Mdani ndi kulemera kwa zinthu basi. Ena amaisiya tsiku loyamba lomwelo poganiza kuti mabatani ake ndi osokonekera. Sali osokonekera ayi, amangofuna kuwamvetsa, ndipo ndi zimene ndikufuna tione.

Yambani ndi maso, osati miyendo

Ichi ndiye chinsinsi cha gemu yonse, ndipo mukachigwira zina zonse zimapepuka. Manja a Bob amatsatira kumene kamera yayang'ana, ndipo kamera apa ndi maso amene mumaonera zinthu pa sikirini mu gemuyi. Mukayang'ana kumwamba mutadina mabatani a manja, manja amakwera. Mukayang'ana pansi, amatsika. Dzanja lililonse lili ndi batani lakelake: pa kompyuta, batani lakumanzere la mausi ndi dzanja lamanzere, lakumanja ndi dzanja lamanja. Dzanja likakhudza chinthu batani lili chodinidwa, limamatirira pomwepo ngati ulimbo, ndipo silisiya mpaka inu mutachotsa chala.

Ndiye musanathamangire kutsogolo, imani pamalo oyamba a gemuyi otchedwa Mansion kwa mphindi zisanu. Tambasulani manja onse awiri, yang'anani kumwamba, yang'anani pansi, muone mmene akuyendera. Gwirani khoma ndi dzanja limodzi, musiye, mugwire ndi linalo. Pamenepo pali mabatani ofiira otsegulira zitseko, ndipo chitseko china chimafuna kuti mudine awiri nthawi imodzi, dzanja lililonse pa batani lake. Mukaona tizipangizo tooneka ngati rimoti tili pansi, titoleni, timaonetsa malangizo. Ana amatidumpha timeneti, kenako n'kumavutika ndi chinthu chimene gemu inawauza kale.

Kukwera pamwamba: apa ndi pamene ambiri amakanirira

Tinene kuti pali khoma lofika m'mutu mwa Bob ndipo mukufuna kukwera pamwamba pake. Dinani mabatani a manja onse awiri, muyang'ane kumwamba kuti manja akhale m'mwamba musanadumphe. Mukachita mosemphanitsa, kudumpha kaye kenako n'kukweza manja, mugwira pakati pa khoma m'malo mwa pamlomo pake. Sunthirani pafupi, dumphani, manja agwire pamwamba penipeni.

Tsopano Bob akulendewera. Apa mtima umakuuzani kuti muyang'anebe kumwamba, poti ndi kumene mukupita. Musatero. Tsitsani kamera pang'onopang'ono, muyang'ane pansi. Popeza manja amatirira pamwamba pa khoma ndipo akufuna kutsika, chimene chimasuntha ndi thupi: limakwera. N'chimodzimodzi munthu wokwera kumbuyo kwa lole pa depoti, amatsamira pa matayala ndi m'mbali mwa bodi, n'kukankhira manja pansi kuti chifuwa chidutse. Nthawi yonseyi pitirizani kukankhira Bob kutsogolo. Mimba ikangofika pamwamba pa khoma, siyani manja onse. Mukasiya msanga mugwa. Mukachedwa kusiya, manja amakhala atamatirira m'mphepete, thupi n'kumapindika pomwepo osadutsa. Nthawi yosiyira imeneyi siphunziridwa powerenga, chala chimaizolowera chokha mukabwereza kakhumi kapena kuposa.

Ndikulimbikitsa kuti muyeserere pa khoma lalifupi mpaka muzikwera osaganizira. Malo otchedwa Mountain ali ndi kukwera kwambiri, ndipo amene sanazolowere amatopera pomwepo.

Pali kakweredwe kena ka akatswiri, kokwera khoma losalala lopanda pogwira. Mumalendewera ndi dzanja limodzi, n'kumagwedeza thupi uku ndi uku mpaka dzanja linalo lifike pamwamba pang'ono kuposa loyamba, ligwire, musiye loyamba lija, n'kubwerezanso. Kumatheka ndithu, ndipo kumadumphitsa zigawo zathunthu. Koma ine ndimawaletsa ana kuyamba nako. Ukadutsa pamwamba pa mwambi, kutanthauza chotchinga chimene gemu yakuikira panjira, osaumasulira, wadzimana chokoma chenicheni cha gemuyi.

Kudumpha mpata ndi katungwe

Podumpha dzenje, manja akhale otambasulidwa kutsogolo ndi m'mwamba pang'ono. Bob sadumpha patali, koma manja ake amawonjezera kamtunda ndithu, ndipo nthawi zambiri chimene chimakupulumutsani ndi nsonga za manja kugwira m'mphepete mwa tsidya linalo. Mukagwira, kwerani monga tafotokozera.

Katungwe aliyense anaseweretsapo pa nthambi ya mango, ndipo lamulo lake ndi lomwelo. Mukalendewera pa chingwe, pa tcheni kapena pa nyali yopachikidwa, kankhirani kutsogolo pamene thupi likupita kutsogolo, ndi kumbuyo pamene likubwerera. Musalimbane nalo. Dikirani lipite katatu kapena kanayi, liwiro likule, ndiye musiye thupi likukwera chakutsogolo, lisanafike poima.

Kunyamula katundu

Bokosi ligwireni m'mbali ndi manja onse awiri, muyang'ane kumwamba kuti linyamuke. Mukaligwira ndi dzanja limodzi limakupotozani, n'kumayenda mozungulira. Poliika pa batani la pansi, monga zimafunikira ku malo otchedwa Carry, yang'anani pansi mpaka likhazikike, kenako musiye. Polowa nalo pakhomo lopapatiza, litsitseni pang'ono kuti lisagunde pamwamba. Chinthu cholemera kwambiri musachinyamule, chigwireni n'kuyenda chafutambuyo, chikukhwekhwerezeka.

Ndipo musaope kutaya zinthu. Bokosi likagwera kuphompho limabweranso lokha, kugwa kuchokera kumwamba. Bob nayenso chimodzimodzi: akagwa amatera pamalo otsiriza amene gemu inasunga. Palibe miyoyo yowerengeka, palibe wotchi yokuthamangitsani. Choncho yesani chilichonse chimene chabwera m'mutu.

Ganizani ngati munthu wopakira ngolo

Apa ndi pamene ndimaikondera gemuyi, komanso pamene ndimaona kuti mwana wa kumudzi kuno ali ndi mwayi kuposa mmene amadziwira. Aliyense amene anapakirapo mabelo a fodya kapena matumba a chimanga pa ngolo akudziwa kuti katundu akachuluka kumbuyo, mtanda wa kutsogolo umadzuka n'kuvutitsa ng'ombe. Amene anazulapo chitsa potsegula munda akudziwa kuti mtengo wautali, wotsamiritsa pa mwala pafupi ndi chitsacho, umadzutsa chimene amuna atatu sangadzutse ndi manja. Miyambi yambiri ya mu Human: Fall Flat ndi yomweyi, yangovala zovala zina.

Ndiye mukalowa m'chipinda chatsopano, musayambe ndi kuthamanga. Zungulitsani kamera, muone zonse zimene zingasunthe: thabwa, ndodo, mwala, bokosi, mbedza, tcheni. Kawirikawiri chinthu chikaikidwa pamalo, chili ndi ntchito. Dzifunseni mafunso atatu. Cholemera ndi chiti pano? Chachitali ndi chiti? Chingagubuduke kapena kulendewera ndi chiti? Cholemera chimaphwanya kapena kupondereza. Chachitali chimakhala mlatho, kapena mpiringidzo wokanulira. Chogubuduka ndi cholendewera chimasunga liwiro.

Ku Castle, loko wa pachitseko amaphwanyidwa ndi mwala, ndipo zitsulo za pawindo zimapindika mukalowetsa ndodo pakati n'kukanula. Gwirani ndodoyo kunsonga kwenikweni, kutali ndi zitsulo, chifukwa mukagwira pafupi mphamvu imachepa. Komweko kuli chilegeni chachikulu choponyera miyala. Mumapukusa chogwirira mpaka mkono wake utsike, n'kuikamo mwala, kenako n'kukoka chomasulira. Mwala woyamba ukaphonya, sunthani chilegenicho pang'ono chabe, osati kwambiri. Ku Demolition kuli makina ogumulira nyumba, ndipo chitsulo cholendewera sichigumula khoma mukangochitsamiritsa, chimafuna muchibweze m'mbuyo kaye kuti chibwere ndi liwiro. Ku Aztec kuli matabwa opendekeka amene amatsika mbali imene mwaponda; ikani cholemera mbali inayo musanakwere, monga mmene mumakhazikitsira katundu pa ngolo.

Mwana wa achemwali anga uja, yemwe ali Fomu 2, tsiku lina atapinda zitsulo zija anakuwa kuti, "Amalume, izi ndi zimene aphunzitsi amajambula pa bolodi zija!" Kusukulu anaziloweza pamtima, koma apa anazimva m'manja. Sindinena kuti gemu ingalowe m'malo mwa kope ndi mphunzitsi, koma tsiku limenelo ndinasiya kuiona ngati yongotayitsa nthawi.

Madzi ndi magetsi

Malo awiri amafuna kuleza mtima kwapadera. Ku Water kuli mabwato, ndipo ife a ku Kasungu ambiri sitinakulire pa nkhafi ngati anzathu a ku Nkhotakota. Gwirani nkhafi iliyonse ndi dzanja lake, mupalase mofatsa ndi mofanana. Mukapalasa mbali imodzi yokha bwato limazungulira, ndipo njira yokhotera ndi yomweyo. Bob sadziwa kusambira, akakhalitsa pansi pa madzi amamira n'kubwerera pamalo osungidwa.

Ku Power Plant kuli mabatire, mawaya ndi malasha. Makina sayaka ngati waya walumikizidwa mbali imodzi yokha, magetsi amafuna njira yopita ndi yobwerera. Amene analumikizapo batire ku sola kunyumba sachedwa kuzindikira. Tsatirani waya ndi maso kuchokera ku batire mpaka ku makina musanakoke chilichonse.

Kusewera awiri

Pa kompyuta mungathe kusewera awiri pa sikirini imodzi yogawidwa pakati, wachiwiri akhale ndi kontirola. Pa intaneti mumafika mpaka anthu 8. Apa ndiye pamakhala phwete weniweni, chifukwa Bob amatha kugwira mnzake ngati mmene amagwirira bokosi. Wina amakukokerani kuphompho, wina amalendewera pa mwendo wanu mukukwera.

Koma mukafuna kupita patsogolo, gawanani ntchito ndi pakamwa. Mmodzi akwere kaye, aweramire pansi atatambasula manja, mnzake adumphe agwire manjawo, wapamwambayo ayang'ane kumwamba n'kubwerera m'mbuyo. Pa thabwa lopendekeka, mmodzi aime mbali imodzi kuti mnzake awoloke. Pa chilegeni chija, mmodzi alowe m'malo mwa mwala, mnzake akoke chomasulira. Ponyamula thabwa lalitali, gwirizanani woyenda chafutambuyo ndani musananyamule, apo ayi mukanirira pakhomo mukukokana. Ndipo wamkulu asalande kontirola mwana akalephera. Muuzeni kumene ayang'ane, achite yekha.

Za foni, bandulo ndi batire

Gemuyi ndi yogula, si yaulere. Mafayilo amene anthu amatumizirana kapena kutsitsa pa masamba osadziwika akhoza kubwera ndi mavairasi, ndipo foni imene mumasungiramo ndalama si yoyesera zoterozo. Potsitsa pezani Wi-Fi kapena bandulo yokwanira, kuti isakuthereni pakati musanamalize kutsitsa. Pa foni, chala chamanzere chimayendetsa Bob pomwe chamanja chimazungulitsa kamera, ndiye ngati kamera ikuthamanga kwambiri, pitani ku masetingi muichepetse liwiro. Poti kamerayo ndiyo manja, kusintha kumeneku kokha kumathetsa theka la mavuto a kukwera.

Masewera a 3D amatenthetsa foni ndi kudya batire msanga. Chepetsani kuwala kwa sikirini, tsekani mapulogalamu ena, ndipo foni ikatentha ipumitseni. Ngati mukudalira sola kapena mumakatchajitsa ku msika, sewerani masana, musiye moto wokwanira kuimbira usiku.

Loweruka lapitali tinali ku Aztec, pa thabwa lina limene latigwetsa masabata awiri. Mwana uja anaima kaye osakhudza batani lililonse, akungozungulitsa kamera. Kenako anati, "Amalume, inu imani uko kumapeto, musasunthe. Ine ndine wopepuka, ndidutsa." Mu gemu tonse timalemera mofanana, koma ndinaima pomwe anandiuzapo, ndipo anadutsa.