Mmene Mungayambire Ntchito Yoyendetsa Masikirini a M'filimu

Mwafunsa kuti munthu amalowa bwanji ntchito yoyendetsa zimene zimaoneka pa TV, foni kapena kompyuta mkati mwa filimu.

1. Yambani ndi kumvetsa chifukwa chake sikirini imaphethira ikajambulidwa. Kamera ya filimu imatenga zithunzi 24 pa sekondi, pomwe TV zakale za ku America zimathwanima pafupifupi ka 60 pa sekondi, za ku Ulaya ka 50. Zikasemphana, mzere wakuda umayendayenda pa sikirini. Kuzigwirizanitsa ndiye mtima wa ntchitoyi, choncho musapupulume pano.

2. Phunzirani za kuwala. Mtundu wa kuwala umayezedwa ndi K (Kelvin): masikirini ambiri ali pa 6500K, kuwala kopendekera ku buluu, pomwe magetsi ojambulira a tungsten ali pa 3200K, kuwala kofiirira. Mukapanda kukonza, sikirini imatuluka yabuluu.

3. Zolowerani mapulogalamu a pa kompyuta awa: After Effects, yopangira zithunzi zoyenda, ndi QLab, yoonetsera zithunzizo pa nthawi yake.

4. Pemphani kuthandizira katswiri pojambula, ngakhale ndi kukoka mawaya chabe. Ku Los Angeles anthu a ntchitoyi ali m'bungwe la ogwira ntchito lotchedwa IATSE Local 695.

5. Tsiku lojambula, yesani zonse ndi wojambula wamkulu, ndipo sungani kope lachiwiri la zimene zioneke pa sikirini. Wosewera akangodina batani, inu sinthani chithunzi nthawi yomweyo muli kuseri.