Kutulutsa nyimbo yoyamba ya country muli kuno ku Mangochi

Nyimbo yoyambira musaisankhe muli nokhanokha kumene mumaphunzirira. Ine ndimaimba gitala m'malo ogona alendo a m'mbali mwa nyanja, kuyambira ku Nkopola mpaka ku Chembe, ndipo ndaona kuti oimba timakonda nyimbo yovuta zala, pomwe omvera amafuna yoti aziimba nawo. Tengani nyimbo zanu zitatu kapena zinayi, muziimbe paukwati, pabala, paliponse pomwe akuitanani. Maso anu akhale pa anyamata ndi atsikana operekera zakumwa. Iwowa amva magulu ambiri ndipo sachita chidwi msanga. Mukamva mmodzi akung'ung'udza kolasi yanu inu mukupinda mawaya, nyimbo ndi imeneyo.

Musathamange, abale anga. Gulu la ku Nashville, ku America, lotchedwa Diamond Rio linafika pa nambala 1 pa mndandanda wa nyimbo za country zotchuka wa magazini ya Billboard mu 1991 ndi nyimbo yawo yoyamba, "Meet in the Middle", ndipo linali gulu loyamba la country kuchita zimenezi. Koma gululi linali litayamba kale cha mu 1982, likuimbira anthu obwera kudzasangalala ku Opryland pansi pa dzina lina. Pofika mu situdiyo anali atadziwa bwino chimene chimagwira mtima wa omvera.

Country ndi nthano yoimbidwa. Makolo athu ankakonda Jim Reeves ndi Don Williams pa MBC chifukwa mawu ankamveka lililonse, nkhani n'kumatsatika. Ndiye inunso simbani zanu. Kuno nkhani sizisowa: msodzi amene mwera wamutsekereza kutsidya, mayi amene mwamuna wake anapita ku Joni ndipo foni inasiya kulira, mnyamata wa kabaza amene akufunsira mwana wa mwini sitolo. Kuimba za akavalo ndi zipewa za ku Texas m'Chingerezi chokakamiza kumandimvetsa chisoni, chifukwa mawu abwino amatayika pachabe. Imbani m'Chichewa, ndipo ngati pagulu panu pali wodziwa Chiyao bwinobwino, vesi imodzi ikhale yake. Ku Namwera ndi ku Makanjira adzaitenga ngati yawo.

Tsopano mbali imene imapha magulu. Musanalowe mu situdiyo, khalani pansi nonse, mulembe papepala kuti mawu analemba ndani, mayimbidwe anapeka ndani, ndalama yojambulira yachokera kwa yani, ndipo phindu likabwera mudzagawana bwanji. Aliyense asayine ndi kusunga pepala lake. Wojambula mu situdiyo naye anene poyera ngati mwamulipira zonse kapena akufuna gawo. Zimaoneka ngati kusakhulupirirana, koma ubale umasungika pokambirana ndalama isanaoneke. Kenako kalembetseni ku COSOMA, bungwe lomwe lakhala likuteteza umwini wa ntchito zaluso kuyambira 1992. Ndilo limatolera ndalama kwa mawailesi ndi malo oimbitsa nyimbo n'kugawira eni ake. Nyimbo yosalembetsa ikhoza kulira m'dziko lonse inu osaonapo kanthu.

Mu situdiyo, mawu ndi gitala zikhale pamwamba. Ojambula ambiri anazolowera nyimbo zovina, ndiye dzanja lawo limathamangira kuwonjezera ng'oma za pakompyuta. Akanizeni mwaulemu. Nyimbo isapitirire kwambiri mphindi zitatu, kolasi ibwere msanga. Mukamaliza, imvetsereni pa kafoni kotchipa ndi m'minibasi, poti ndi mmene anthu adzaimvere. Ndipo lembani dzina la gulu ndi la nyimbo pa fayilo yeniyeniyo, chifukwa ikayamba kuyenda pa WhatsApp simudzaitsatiranso.

Nthawi yotulutsira muiganizire. Januwale ndi Febuluwale anthu amakhala akusaka chimanga ndi fizi. Dikirani atakolola, pomwe maukwati ayamba kuchuluka. Muonenso pomwe pagwera mwezi wa Ramadan, poti kuno zisangalalo zimachepa kwambiri mwezi umenewo.

Wailesi yambirani ya pafupi. Pitani nokha ku Dzimwe, mukaonane ndi muulutsi maso ndi maso, mumufotokozere nkhani ya nyimboyo kuti akhale ndi chonena asanaiike. Ikamveka kwanu, ku MBC ndi ku Zodiak mudzapita muli ndi umboni. Anyamata oika nyimbo m'mamemori kadi pamsika musalimbane nawo pa nyimbo yoyambayi; apatseni nokha yomveka bwino.

Ndalama zenizeni zidzabwera poitanidwa kukaimba. Choncho konzekeranitu: mtengo umodzi wogwirizana gulu lonse, munthu mmodzi woyankha foni, nambala ya Airtel Money kapena Mpamba yodziwika kwa aliyense. Okuitanani apereke theka tsiku lisanafike, ndipo mayendedwe a zida awerengedwe padera, chifukwa kunyamula masipika kupita ku Monkey Bay kumadya ndalama. Pa shoo iliyonse patulani kangachepe kojambulira nyimbo yachiwiri. Ijambuleni yoyamba ikadali pakamwa pa anthu, kuti muulutsi akafunsa kuti china chili kuti, mungomutumizira tsiku lomwelo.