Momwe mungasankhire ulendo wa tsiku limodzi wokaona makachisi ku Bangkok

Munthu akangofika ku Bangkok, likulu la dziko la Thailand, otsatsa maulendo amamupeza asanamasule n'komwe chikwama. Pakauntala ya hotela pali timapepala, pa intaneti pali masamba, ndipo onse akulonjeza zofanana: galimoto yokutengani m'mawa, woperekeza alendo wolankhula Chingerezi, makachisi otchuka a chipembedzo cha Chibuda, kenako kukubwezani madzulo. Pazithunzi maulendowa sasiyana. Kusiyana kwagona pa mphindi zimene mudzakhale m'kati mwa malo amene mwalipirira, chifukwa ulendo wotchula malo asanu ndi awiri ukhoza kukuonetsani zochepa kuposa wotchula atatu okha. Musanapereke ndalama, tengani pepala ndi cholembera, muyende ndi ndondomeko iyi.

Choyamba: dziwani malowo ndi mmene anakhalira

Malo atatu amene pafupifupi ulendo uliwonse umatchula ali moyandikana m'mbali mwa mtsinje wa Chao Phraya.

Grand Palace ndi nyumba yachifumu imene inayamba kumangidwa mu 1782, Mfumu Rama I itakhazikitsa likulu lake tsidya la kum'mawa la mtsinjewu. M'kati mwa mpanda wake muli kachisi wa Wat Phra Kaew, momwe mumakhala chifanizo cha Emerald Buddha. Chifanizochi n'chaching'ono, pafupifupi masentimita 66, chosemedwa pamwala wobiriwira, koma anthu a ku Thailand amachilemekeza kuposa china chilichonse, ndipo zovala zake zagolide zimasinthidwa katatu pachaka pamwambo wachifumu, malinga ndi nyengo. Malo amenewa amafuna ola limodzi ndi theka, kapena maola awiri ngati mukufuna kumva zimene woperekeza akufotokoza.

Mukayenda wapansi mphindi pafupifupi khumi kulowera kummwera mufika ku Wat Pho, kumene kuli Buddha wogona, wotalika mamita 46 ndi mamita 15 kupita m'mwamba. Kumapazi kwake kunajambulidwa zizindikiro 108, ndipo m'mbali mwa khoma muli mbale zamkuwa 108 zimene anthu amaponyamo timakobiri. Ambiri amangoona chifanizocho n'kutuluka, pamene bwalo la kachisiyu n'lalikulu ndipo ndi mmene muli sukulu yotchuka yothowa thupi. Apatseni ola lathunthu.

Kuchokera pamenepo, doko la Tha Tien lili pafupi, ndipo boti limakuolotsani m'mphindi zochepa kupita ku Wat Arun, kachisi wa nsanja yoposa mamita 60, yomatidwa ndi tizidutswa ta mbale zadothi zamitundumitundu. Mphindi 45 zimakwana.

Tsono onani chinthu ichi: malo atatuwa safuna galimoto pakati pawo. Ulendo umene ukunena kuti mudzayenda pabasi yaikulu kuchoka pa amodzi kupita pa ena ukukulipiritsani nthawi yodikira basi ndi yofunafuna poimika.

Malo ena ali patali pang'ono. Wat Traimit, kufupi ndi Chinatown, kuli Buddha wagolide wolemera matani 5.5, amene anakhala zaka zambiri atakutidwa ndi pulasitala mpaka mu 1955, pamene anagwa pomunyamula, pulasitalayo n'kung'aluka. Wat Saket ali ndi phiri lochita kumanga la Golden Mount, la masitepe 344. Koma Ayutthaya, likulu lakale limene linagwetsedwa mu 1767, lili pamtunda wa makilomita pafupifupi 80, ndipo msika wa pamadzi wa Damnoen Saduak uli pafupifupi makilomita 100 kuchokera mumzinda. Ulendo wophatikiza malo akutaliwa ndi makachisi a m'tauni tsiku limodzi, dziwiranitu kuti gawo lalikulu mudzalithera pampando wa galimoto.

Chachiwiri: werengetsani maola

Apa m'pamene pagona nkhani, ndipo ndi pamene anthu ambiri amadumpha. Lembani maola onse amene kampani yanena, kenako chotsanipo chilichonse chimene sichili kuona malo.

Tiyerekeze kuti ulendo ndi wa maola asanu ndi atatu. Ngati galimoto imazungulira m'mahotela kutola anthu, chotsani ola limodzi, mwina kuposerapo ngati mukugona kutali ndi mzinda wakale, poti magalimoto amathithikana kwambiri ku Bangkok m'mawa ndi madzulo. Chotsani ola lina la kubwerera, ola la nkhomaliro, ndi mphindi 45 ngati pandandanda pali sitolo. Kuyenda pakati pa malo ndi kudikira anzanu ochedwa kudya kumatenga mphindi zina 30 kapena kuposa. Zotsala sizifika maola anayi. Gawani nthawi imeneyo ndi chiwerengero cha malo. Akakhala asanu ndi limodzi, aliwonse alandira mphindi zosakwana 40, ndipo ku Grand Palace mphindi 40 zimathera pamzere wolowera, pojambula zithunzi ziwiri zitatu ndi pofunafuna nsapato zanu.

Werenganinso bwino mawu a m'ndandanda. Pena amalemba kuti mudzadutsa pamalo akutiakuti, kapena kuti mudzaima kuti mujambule. Kudutsa si kulowa. Maulendo ena amatchula Wat Arun koma amangokuonetsani muli tsidya lina la mtsinje kapena muli m'boti. Ngati sizikumveka, lemberani kampaniyo funso lachindunji: kodi tidzalowa m'kati, ndipo tidzakhalamo mphindi zingati? Oyendetsa ulendo wabwino amayankha ndi manambala.

Nthawi yoyambira nayonso ndi yofunika. Grand Palace imatsegulidwa 8:30 m'mawa ndipo matikiti amasiya kugulitsidwa 3:30 masana. Ikamakwana 10 koloko mabasi a magulu amakhala atafika, ndipo bwalo lake, limene lili ndi mithunzi yochepa, limayamba kutentha. Ulendo woyambira kunyumba yachifumu pamene akutsegula ndi wabwino kuposa umene waiika masana, makamaka m'miyezi ya Malichi mpaka Meyi pamene kutentha kumafika madigiri 35.

Chachitatu: masulani mtengo

Mlendo wochokera kunja amalipira 500 baht (ndalama ya ku Thailand) polowa ku Grand Palace, ndipo tikiti yomweyo imamulowetsa ku Wat Phra Kaew. Ku Wat Pho ndi 300 baht, ku Wat Arun ndi 200 baht. Pamodzi ndi 1,000 baht munthu mmodzi, osawerengera timakobiri ta boti. Mitengo imasintha, choncho itsimikizeni pamasamba a malowo sabata imene mukunyamuka.

Nambala imeneyi ndiyo muyezo wanu. Ulendo wotchipa kuposa ndalama za matikiti sungakhale utawaphatikizamo, ndipo mudzalipira pakhomo. Ulendo umene wawaphatikiza, chotsani 1,000 baht pamtengo wake, ndipo zotsalazo ndizo mukulipirira woperekeza, galimoto ndi chakudya. Mukatero mutha kuyerekeza makampani awiri mosanyengedwa ndi nambala yaikulu ya pamwamba patsamba. Funsaninso za madzi akumwa, za boti, ndi ngati nkhomaliro ili m'mtengomo. Kangachepe kothokoza woperekeza kawirikawiri sikakhala m'mtengo.

Ulendo wotchipa modabwitsa umakhala ndi kwina kumene umabwezera ndalama zake. Kawirikawiri ndi kusitolo ya miyala yamtengo wapatali, kwa telala wosoka masuti, kapena kumalo ogulitsa zikumbutso, kumene kampani kapena dalaivala amalandira komishoni pa mlendo aliyense amene wamubweretsa. Pandandanda saalemba kuti sitolo. Amaatcha malo oonetsera ntchito zamanja kapena fakitale. Palibe amene adzakukakamizeni kugula, koma nthawi yanu idzapita, ndipo miyala yogulidwa mothamanga chotere ndi imene alendo ambiri amadandaula nayo akafika kwawo. Funsani poyera ngati ulendowo uli ndi poima pogula zinthu, ndipo yankho likhale lolembedwa.

Chachinayi: fufuzani za woperekeza ndi kukula kwa gulu

Chimene mukugula kwenikweni ndi munthu ameneyu. Makoma ozungulira Wat Phra Kaew ali ndi zithunzi zojambula pamanja 178 zofotokoza nthano ya Ramakien. Wopanda womutanthauzira amangoona anyani, ziwanda ndi magaleta. Woperekeza wodziwa ntchito amakuimikani pa zithunzi zitatu kapena zinayi, n'kukuuzani amene akumenyana ndi chifukwa chake, kenako zina zonse zimayamba kumveka. Amakuuzaninso chifukwa chimene Buddha wina wakhala pansi dzanja likukhudza nthaka pamene wina wagona, zinthu zimene zikwangwani sizifotokoza mokwanira.

Ku Thailand ntchito yoperekeza alendo lamulo linaisungira nzika za dzikolo, ndipo lamulo la mu 2008 limafuna kuti woperekeza ndi kampani yake akhale ndi chilolezo cha boma. Woperekeza wovomerezeka amavala chitupa pakhosi, ndipo kampani yolongosoka imaonetsa nambala ya chilolezo chake patsamba lake kapena mu ofesi. Ikasowa, funsani. Ikakana kuonetsa, pitani kwina.

Gulu la anthu khumi kapena khumi ndi awiri limayenda bwino ndipo aliyense amamva. Likapitirira makumi awiri, amene ali kumbuyo samva kanthu pokhapokha kampani itapereka timawailesi ta m'makutu. Funsani chiwerengero chenicheni chimene sadutsa, chifukwa mawu akuti gulu laling'ono aliyense amawatanthauzira mwake. Funsaninso ngati woperekeza adzalankhula chinenero chimodzi. Akamabwereza mawu m'zinenero ziwiri, mumalandira theka la zimene mwalipirira. Ngati muli anthu anayi kapena asanu, werengetsani mtengo wa woperekeza wanuwanu, chifukwa mukagawana nthawi zina susiyana kwambiri ndi wa gulu, ndipo agogo kapena ana atha kupuma pamene afunira.

Powerenga ndemanga za amene anapitako kale, siyani nyenyezi, yang'anani za miyezi yaposachedwa ndipo funafunani madandaulo obwerezabwereza: kuthamangitsidwa, kuchedwa kutengedwa, kuimitsidwa kusitolo. Dandaulo limodzi silinena zambiri. Anthu asanu osadziwana akamatchula chinthu chimodzi, chilipo.

Chachisanu: yerekezani ndi kupita nokha

Malo atatu aakulu aja munthu angathe kuwafika popanda kampani. Sitima yoyenda pansi pa nthaka ya MRT Blue Line ili ndi siteshoni ya Sanam Chai pafupi ndi Wat Pho. Njira ina ndi kukwera sitima yoyenda m'mwamba ya BTS mpaka siteshoni ya Saphan Taksin, n'kutenga boti la Chao Phraya Express kukatsikira padoko la Tha Chang, kufupi ndi Grand Palace. Boti limapewa kuthithikana kwa magalimoto ndipo mzinda umaoneka bwino uli pamadzi.

Amene ali ndi masiku angapo, wokonda kukhala phee pamalo amodzi, kupita yekha kumamuyenera. Amene ali ndi tsiku limodzi lokha, kapena akufuna kumvetsa za chipembedzo cha Chibuda ndi mbiri ya mafumu, ndalama ya woperekeza siipita pachabe. Pali njira yapakati imene ife timaiona yanzeru kuposa zonse: ulendo wa theka la tsiku, wokumana pasiteshoni m'malo motengedwa kuhotela, woyenda wapansi ndi paboti. Masana amakhala anu.

Opita okha asamale ndi chinyengo chimodzi chodziwika. Pafupi ndi mpanda wa Grand Palace mumapezeka anthu ovala bwino, aulemu, ouza alendo kuti lero kwatsekedwa chifukwa cha mwambo, n'kuwasonyeza tuk-tuk (kagalimoto ka magudumu atatu konyamula anthu) yoti iwazungulitse kumakachisi ena pamtengo wochepa. Ulendo wotero umathera kusitolo ya miyala. Nyumba yachifumu imatsegulidwa tsiku lililonse kupatula pakakhala mwambo wachifumu, ndipo zikatero zimalengezedwa. Pitirizani kuyenda mpaka pachipata mukadzionere nokha. Zikavuta, apolisi othandiza alendo amapezeka pa nambala 1155.

Musanalipire, ndi m'mawa wa tsikulo

Onani malamulo obwezera ndalama. Makampani ambiri amabweza zonse mukasintha maganizo kudakali maola 24, koma ena sabweza. Funsani chimene amachita Grand Palace ikatsekedwa mwadzidzidzi, ndi chimene amachita kukagwa mvula yamkuntho, poti kuyambira Meyi mpaka Okutobala mvula ya masana siisowa. Pa 13 mpaka 15 Epulo kumakhala chikondwerero cha Songkran, misewu ina imatsekedwa ndipo anthu amathirana madzi, choncho ndandanda ya masiku amenewo iunikeni kawiri.

Zovala zimabweza anthu ambiri pachipata kuposa china chilichonse, ndipo gulu silidikira munthu amene wapita kukagula thalauza. Ku Grand Palace amafuna mapewa ndi miyendo zikhale zobisika, amuna ndi akazi omwe. Kabudula, malaya opanda manja, zovala zoonekera m'kati, zothina kwambiri kapena zong'ambika m'mawondo siziloledwa, ndipo kansalu kongofunda pamapewa alonda kawirikawiri amakakana. Valani malaya a manja ndi thalauza lalitali kapena siketi yaitali, zansalu yopepuka. Nsapato zikhale zosavuta kuvula, chifukwa mudzavula pakhomo la nyumba iliyonse yopemphereramo, ndipo masokosi amathandiza poponda miyala yotentha.

M'kati mwa nyumba ya Emerald Buddha saloleza kujambula. Mukakhala pansi, pindani miyendo kuti mapazi asaloze chifanizo. Amayi asakhudze mmonke (wansembe wa Chibuda) kapena kumupatsa chinthu m'manja mwachindunji. Za banja lachifumu musaziyankhulire mwachipongwe ngakhale mocheza, chifukwa gawo 112 la malamulo a milandu a dzikolo limapereka chilango cha zaka zitatu mpaka 15 m'ndende. Nyamulani botolo la madzi, chipewa, ndi ndalama zing'onozing'ono za boti ndi za mbale zija za ku Wat Pho, ndipo musanatsike m'galimoto sungani mufoni nambala ya woperekeza wanu ndi dzina la chipata chimene gulu lidzakumanirane.