Mmene ndinapulumutsira kanema wa ngoma pa kaseti yochita chuku

Kaseti ya VHS ya malume anga, yomwe anajambula ngoma ku Lizulu m'ma 1990, imangoonetsa mchenga pa TV, mawu okha kumamveka. Nditayang'ana pa kagalasi kaja ndinaona chuku choyera pa tepi, paja chinyezi cha kuno ku Dedza sichisiya kanthu mu katoni.

Poyamba ndinaitsekera mu kontena ndi timapaketi ta silica gel, timibulu toyamwa chinyezi, kuti iwume kaye. Kenako ndinamasula tima sikuluwu, nkumazungulitsa tepi ndi dzanja pang'onopang'ono uku ndikupukuta ndi kansalu kosathothoka ulusi konyowetsa pang'ono ndi isopropyl alcohol, ntchito yotopetsa zedi koma apa mpamene pagona nkhani, ukathamanga tepi imakwinyika ndipo siwongokanso. Sipiriti wapepo uja ayi, amasiya zotsalira. Mahedi a deki, tizitsulo towerenga tepi m'makina oseweretsera kaseti, nawo anali atatsekeka ndi chuku chomwecho, ndinawapukuta ndi kapepala koyera mopingasa, osati chokweza ndi chotsitsa poti amathyoka.

Deki ndinailumikiza ku laputopu ndi USB capture, kachipangizo kolowetsera kanema mu kompyuta, nkumajambula ndi pulogalamu ya OBS Studio. Zithunzi zinabwera zopanda mtundu mpaka nditasintha kuchoka pa NTSC, dongosolo la kanema la ku America, kupita pa PAL ya kuno kwathu, 720x576, mafelemu 25 pa sekondi. Timizere tooneka anthu akamavina tinatha nditasankha deinterlace mu HandBrake, pulogalamu yosinthira mafayilo a kanema.

Fayilo yaikulu yomwe sindinaisinthe kanthu ili pa hadi dilaivu ziwiri, ina ndasungitsa kwa achemwali ku Ntcheu, ya MP4 ndi yomwe ndikutumizira abale pa WhatsApp ndi mnyamata amene akukonza dokumentale ya ngoma.