Muli ndi harakeke? Musagulenso chingwe cha kudimba

Abale amene muli ku New Zealand, kwawo kwa chomerachi, ngakhalenso ku Britain komwe amachidzala m'mayadi, harakeke, chomera cha masamba ataliatali ooneka ngati lupanga, ndi luzi laulere. Ine ndinasiya kugula chingwe chomangira matimati ndi nyemba.

Dulani masamba akunja okha, mopendeketsa mpeni kuti madzi a mvula asamaime podulapo. Katsamba kapakati, komwe Amaori (eni nthaka a ku New Zealand) amati rito, ndi masamba awiri okakumbatira, chonde musawakhudze. Iwo amati ameneyo ndi mwana ndi makolo ake, ndipo mukawadula chomera chimafooka.

Ng'ambani tsambalo m'litali ndi chikhadabo, mupeze timizere. Mangani lidakali laliwisi, osathinitsa, poti likamauma limakokana. Ulusi wake ndi wolimba ngati wa khonje, nyengo yonse suduka. Zotsala musasiye pa kapinga, zimakola makina otchetchera udzu.